Kusintha Mawu Kapena Kuongola Chikalata? Kuunika Mawu Ena a M'khoti pa Milandu ya Malo

Mwa mawu onse a zamalamulo amene amasautsa omasulira, ovuta kwambiri si aja achilendo zedi, amene aliyense akawamva amadziwiratu kuti sakuwadziwa. Ovuta ndi aja ooneka ngati apafupi, amene womasulira amawapezera mnzawo wa Chichewa mosavuta n'kupitirira ndi ntchito yake. Nkhani ino ikuunika mawu angapo otere, onse okhudza chinthu chimodzi: zimene zimachitika munthu amene wasumira mnzake pa mkangano wa malo akapempha khoti kuti limulole kukonza zimene zidalembedwa poyamba m'chikalata chake. Pa Chingerezi ntchitoyi amaitcha "amendment of pleadings", ndipo mphamvu imene woweruza ali nayo yovomera kapena kukana pempholo amaitcha "discretion". M'Chichewa cha pa wailesi, cha m'nyuzipepala ndi cha m'makonde a makhoti, kawirikawiri timamva zoti wodandaula wasintha mawu ake, ndiponso zoti zili kwa jaji kuchita monga afunira. Galamala ya ziganizo ziwirizi ilibe chilema. Chilema chili m'tanthauzo: choyamba chimasandutsa munthu woona mtima kukhala wabodza, chachiwiri chimasandutsa woweruza kukhala wokondera.

Mawuwa tisawayesere ku Blantyre kapena ku Lilongwe, kumene puloti ili ndi nambala ndi mabikoni a simenti. Tiwatengere ku Chisi, chilumba cha pa nyanja ya Chilwa m'boma la Zomba, m'dera la Mfumu Yaikulu Mkumbira, kumene munthu amafikako pa boti kuchokera pa doko la Kachulu. Nyanja ya Chilwa ilibe mtsinje wotulutsa madzi. Domasi, Likangala, Thondwe, Namadzi ndi Phalombe imathira m'menemo, ndipo madziwo amangotha ndi dzuwa. Popeza nyanjayi ndi yosaya, gombe lake limayenda. Idaphwa mu 1968, idaphwanso mu 1995, ndipo mu 2018 mabwato a pa Kachulu adatsala pa matope ong'aluka. Mvula ikachuluka m'mapiri a Zomba ndi Mulanje, monga zidachitikira ndi namondwe wa Freddy mu Malichi 2023, madzi amabwerera n'kumiza pamene dzana padali mpunga. Kumalo kotere munda umatalika ndi kufupika mwini wake asadasunthe chikhomo ngakhale chimodzi.

Tiyerekeze motere. Mayi wina wa pa Chisi ali ndi dimba limene ankalima amayi ake, amenenso adalilandira kwa amayi awo. Madzi atathawa, dimbalo lidatalika cha kunyanja, ndipo banja loyandikana nalo lidayamba kubzala pa nthaka yatsopanoyo. Nkhani idapita kwa nyakwawa, idapita kwa gulupu, idakafika kwa mfumu yaikulu, koma mbali imodzi sidakhutire. Mwamuna wa mayiyo, amene adapondako ku sekondale, adakwera boti nakapeza loya ku Zomba kuti akatenge chiletso ku bwalo lalikulu. Loya adafunsa kuti, "Kodi dimbalo ndi la yani, bambo?" Iye adayankha kuti, "Ndi lathu." "Nanga malire ake?" "Kuyambira pa mlambe kukalekeza m'madzi." Loya adalemba m'Chingerezi kuti bamboyo ndiye "owner" wa malowo, ndipo kuti malowo amathera pa gombe la nyanja.

Bamboyo sadanene bodza lililonse. Dimbalo ndi lawodi, pakuti amalilima ndi mkazi wake ndipo ana ake amadya za m'menemo. Koma iye ndi mkamwini. M'midzi yambiri ya m'boma la Zomba, pakati pa Anyanja, Ayao ndi Alomwe, malo amatsata mbumba: amachoka kwa mayi kupita kwa ana ake aakazi, ndipo woyankhulira mbumba pa bwalo ndi mwinimbumba, mlongo wa mayiyo kapena atsibweni ake. Pauline Peters, amene adayamba kafukufuku wake m'midzi ya ku Zomba mu 1986, adalemba zambiri zoonetsa kuti mwambo umenewu ngwamphamvu ndipo mikangano ya malo imakula pamene malowo akuchepa. Ngakhale dzina loti "mwini" silifanana ndi "owner" wa Chingerezi. Mwinimbumba sangagulitse mbumba yake. Mwinimudzi sadagule mudzi. Eni maliro ndi amene malirowo awagwera ndipo ali ndi udindo wowayendetsa. "Mwini" wa Chichewa ndi munthu amene chinthu chimamuyang'ana, amene amayankha chikavuta. Nthawi zina ndi wogula, koma nthawi zambiri sali wotero. Nawonso mawu oti "kukalekeza m'madzi" ndi oona chaka chilichonse kwa munthu wa pa Chisi, koma akalembedwa ngati malire okhazikika amaloza malo ena mu 2018 ndi malo enanso mu 2023.

Tsono loya wa mbali inayo akayankha kuti wodandaulayo alibe malo pa Chisi, ndipo kuti gombe limene akunena silikudziwika, loya woyamba uja amabwerera kukhoti kukapempha kuti dzina la mayi ndi la mwinimbumba alowe pa mlandu, mwambo wa chikamwini ulembedwe, ndiponso malire afotokozedwe bwino. Apa ndi pamene anthu amauzidwa kuti bambo uja wasintha mawu. Adasintha mawu ati? Iye adati "lathu" ndipo akunenabe kuti "lathu". Chimene chikukonzedwa ndi Chingerezi cha munthu wina. Zokonza zambiri pa milandu ya malo a makolo zimabadwira pomwepa, pa mpata wa pakati pa zimene munthu adanena m'chiyankhulo chake ndi zimene zidalembedwa m'chiyankhulo cha khoti. N'chifukwa chake nkhaniyi ndi yathu ife a zachiyankhulo monga momwe ilili ya maloya.

Kuti timvetse chifukwa chake chikalatacho chili chofunika chotere, tiyenera kusiyanitsa bwalo la mfumu ndi khoti. Pa bwalo la nyakwawa mlandu umakula pamene ukukambidwa. Wodandaula amayala nkhani yake, woyankha amayala yake, nduna zimafunsa, wina amakumbutsa za gogo amene adaswa mphanje pamalopo, ndipo pofika madzulo zimapezeka kuti mkangano umene udabwera ngati wa malire a dimba muzu wake ndi maliro amene wina sadapiteko zaka zisanu zapitazo. Palibe amene amaimika dzanja kunena kuti za maliro sizidalembedwe. Bwalo lalikulu siliyenda motero. Lidakhazikitsidwa ndi lamulo la Angerezi la mu 1902, lomwenso lidabweretsa kuno malamulo amene ankagwira ntchito ku England pa 11 Ogasiti chaka chimenecho, ndipo kwa zaka zambiri, kudzera m'gawo 29 la lamulo la makhoti, linkatsata ndondomeko ya makhoti a ku London yolembedwa m'buku lalikulu lija maloya amalitcha White Book. M'ndondomeko imeneyi mbali iliyonse imalemberatu mfundo zimene idzaimepo, mbali inayo imaziona nthawi ikadalipo, ndipo woweruza amagamula pa zokhazo zimene zalembedwa. Bwalo lalikulu la apilo lidatsindika mfundoyi mu 1999 pa mlandu wa phungu Fred Nseula, pamene lidadzudzula chigamulo cha bwalo lalikulu chifukwa cholowa m'nkhani imene eni mlandu sadaibweretse. Chimene sichidalembedwe, ngakhale chikhale choona, woweruza sachigamula. Njira yokha yochilowetsera ndiyo kupempha kukonza chikalata.

Dzina la zikalata zimenezi ndilo msampha woyamba. Wophunzira akamva mneni wa Chingerezi "plead" amathamangira ku "kuchonderera" kapena "kudandaulira", ndipo amene adazolowera milandu ya upandu amaganiza za kuvomera kapena kukana mlandu pamaso pa majisitireti. Zonsezi sizikhudza nkhani yathu. Munthu wosumira mnzake za dimba sachonderera aliyense. Mwayi wake ngwakuti Angerezi omwe adawataya mawuwa, ndipo ife tidawataya pa 3 Okutobala 2017 pamene ndondomeko yatsopano ya bwalo lalikulu pa milandu yosakhala ya upandu idayamba kugwira ntchito. Ndondomekoyi imati "statement of case". Ena amamasulira kuti "madandaulo", koma dzinali limasiya kunja yankho la wodandaulidwa, limenenso ndi chikalata cha mtundu womwewo ndipo nalonso limatha kukonzedwa. Ife tikuona kuti mneni woyenera ulipo kale pa bwalo la mfumu: kuyala. Munthu amayala nkhani monga amayalira mphasa, kuti onse aione ndi kukhalapo. Choncho tingati "zikalata zoyalira mlandu", ndipo mwa izo muli chikalata cha dandaulo ndi chikalata cha yankho. Aphunzitsi aone kuti tati "zoyalira" osati "zoyala". Msintho wa -ir- pano ukuloza chipangizo, monga m'mawu oti "mpeni wodulira nyama". Chikalata sichiyala mlandu. Munthu ndiye amayalira mlandu wake m'chikalatacho.

Tibwere ku mneni umene wautsa nkhani yonseyi. "Kusintha" si mawu oipa. Nyumba ya Malamulo ikasintha lamulo, monga idachitira mu 2022 ndi lamulo la malo a makolo la mu 2016, palibe amene amaiyesa yabodza, pakuti lamulo si umboni. Koma "kusintha" akakumana ndi "mawu" pamabadwa chining'a. Munthu wosintha mawu ndi uja adalonjeza ng'ombe n'kubweretsa mbuzi, uja adanena china kwa nyakwawa n'kukanena china kwa gulupu. Pa bwalo la mfumu munthu wotere watha. Nduna sizifunanso kumva zambiri. Mkonzi amene walola chiganizo choti "wodandaula wapempha kusintha mawu ake" wagamula kale mlandu m'makutu a owerenga, woweruza asadatsekule pakamwa. Ndipo mayi wa pa Chisi akamva kuti loya akufuna kukasintha mawu, angathe kukana, poopa kuti mudzi wonse umuyesa wa malilime awiri, n'kutaya dimba la amayi ake chifukwa chofuna kusunga ulemu wake.

"Kukonza" ali bwinoko, ndipo m'nkhani ino tawagwiritsa ntchito pofotokoza. Komabe ali ndi katundu wawo. "Kukonza mlandu" m'kayankhulidwe ka m'tauni ndi kuuyendera kuseri ndi kangachepe m'manja, ndipo amene wauzidwa kuti "ndikukonza" sayembekezera zabwino. "Kukonzanso" amapereka chithunzi choti zonse zafufutidwa ndipo mlandu ukuyambira pachiyambi, pamene cholinga chenicheni cha ntchitoyi n'kupewa zimenezo. Gawo 7 la ndondomeko ya mu 2017 limatchula zifukwa zitatu zokonzera chikalata: kuti mfundo zimene mbali ziwirizo zikukanganirana zioneke bwino, kuti cholakwika kapena chopereŵera chichotsedwe, ndi kuti pa mfundo iliyonse paperekedwe zoona zomveka bwino koposa poyamba. Pa zitatuzi palibe chimene chikunena zoti munthu abweretse nkhani ina. Zonse zikunena za nkhani yomweyo imene idalembedwa mokhota. Mneni wa chinthu chokhota ndi "kuongola". Woongola mzere wa m'munda sasamutsa munda. Woongola mwendo sasintha mwendo. Alinso ndi ubwino wina: msintho wake wa wochitika, "kuongoka", umatipatsa mawu onenera zotsatira, kuti chikalata chaongoka, popanda kuloza chala amene adachikhotetsa. Tikupempha alembi kuti pa nkhani za m'khoti azilemba "kuongola chikalata cha dandaulo" kapena "cha yankho", ndipo "kusintha mawu" akusungire mboni imene yatembenukadi m'bokosi.

Wina angatsutse kuti pali zokonza zina zimene n'zosinthadi mlandu, monga munthu amene adasuma kuti mnzake adalowerera malire, kenaka n'kufuna kulemba kuti mnzakeyo adabwereka malowo ndipo sadabweze. N'zoona, ndipo apa Chichewa chikuposa Chingerezi, chimene chimaphimba zonse ndi mawu amodzi. Ife tingathe kunena kuti uyu akuongola, uyo akuonjezera mfundo, winayo akubweretsa dandaulo latsopano. Kusiyana kumeneku n'komwe makhoti amayang'ana. Pa bwalo timati mlandu suola, koma m'khoti umaola: lamulo la dziko lino loika malire a nthawi yosumira limapereka zaka 12 kwa munthu wofuna kulanditsa malo ake, mwachitsanzo a lizi, ndipo kuyambira pa mlandu wa Weldon ndi Neal wa mu 1887 makhoti a ndondomeko ya Chingerezi akhala akukana kuti munthu alowetse dandaulo loola kale pobisalira m'pempho loongola chikalata.

Tsopano mphamvu ya woweruza. Kumasulira "discretion" kuti "kufuna kwa jaji" kapena "maganizo a jaji" ndi kunena chinthu chimene oweruza eni ake akhala akuchikana kwa zaka mazana. John Selden, katswiri wa malamulo amene adamwalira mu 1654, adaseka makhoti ena a kwawo kuti chilungamo chawo chinkatalika ndi kufupika monga phazi la amene wakhala pa mpando. Poyankha chitonzo cha mtundu umenewu, Lord Halsbury, pa mlandu wa Sharp ndi Wakefield mu 1891, umene udali wa chiphaso chogulitsira mowa, adafotokoza kuti mphamvuyi iyenera kutsata nzeru ndi chilungamo osati zokonda za munthu, ndipo iyenera kukhala ya malamulo ndi yolongosoka osati yongotulukira. Womasulira amene wati "monga afunira" watenga chitonzo cha Selden n'kuchiika m'malo mwa tanthauzo. M'dziko limene anthu akukumbukirabe makhoti a makolo a m'zigawo, amene kuyambira mu 1969 ankazenga milandu ikuluikulu popanda loya mpaka adaimitsidwa mu 1993, mawu oti jaji achita monga afunira sagwa pa nthaka youma. Amatsimikizira munthu zimene ankaziganizira kale.

"Ufulu wa jaji" nawo sakwanira, pakuti chiyambire 1994 dzina loti "ufulu" lidatengedwa ndi maufulu a chibadwidwe, ndipo ufulu ndi chinthu chimene mwini wake angachigwiritse ntchito kapena kuchisiya osafunsidwa. Woweruza sangasiye, ayenera kugamula pempholo ndi kupereka zifukwa, ndipo zifukwazo zikakhala zokhota bwalo la apilo lingathe kuzigwetsa. "Chifundo cha khoti" ndi mawu oipitsitsa pa onse, chifukwa amagwaditsa munthu amene akupempha chinthu chimene ndondomeko imamulola kupempha. "Nzeru" ndi "luntha" akunena za mphatso ya munthu, osati za mphamvu ya mpando. Chimene woweruza amachita ndi kupima: mbali ino ipwetekedwa bwanji ndikakana, mbali iyo ipwetekedwa bwanji ndikavomera, pempholi labwera liti, ndipo lachedweranji. Tikuganiza kuti "mpata wopima" ndiwo mawu oyandikira. Mpata uli ndi malire uku ndi uku. Wopalasa bwato m'njira zodulidwa pakati pa njedza za m'mbali mwa Chilwa angathe kukhotera kumanja kapena kumanzere monga aonera mphepo ndi katundu, koma sangatuluke m'njiramo. Chiganizo chingamveke chotere: "Lamulo limapatsa woweruza mpata wopima ngati n'koyenera kulola pempholi." Ndi chachitali kuposa cha Chingerezi, koma sitidalonjezane ndi Angerezi kuti mawu awo amodzi tiziwabweza ndi amodzi.

Zimene woweruza amapima zili ndi misampha yake iwiri, ndipo woyamba tiudutsa msanga. Ndondomeko ya mu 2017 imati khoti lione ngati mbali inayo ingakhale "prejudiced". Amene amamasulira ndi buku lotanthauzira mawu lokha amalemba "tsankho" kapena "kusalidwa". Mulibe tsankho m'menemu. Tanthauzo lake n'lakuti mbali inayo ipwetekeka pa mlandu wake, mwina chifukwa mboni yake yokalamba imene inkadziwa malire akale idamwalira, mwina chifukwa yadzidzimutsidwa ilibe nthawi yokonzekera. "Kupwetekeka pa mlandu" akukwana.

Wachiwiri ngwofunika kukhalapo pang'ono. Ndondomekoyo imati kupwetekako kuyenera kukhala kumene sikungachizike ndi njira zitatu: kulamula wopemphayo kulipira "costs", kuonjezera nthawi, kapena kuimitsa mlandu kufikira tsiku lina. "Costs" si chindapusa, pakuti chindapusa ndi chilango cha wolakwa ndipo chimapita ku boma kapena kwa mfumu. Si chipepeso, pakuti chipepeso chimabwera mlandu utagamulidwa, kupukuta misozi ya wolakwiridwa. Ndi ndalama zimene mbali inayo yataya poyendetsa mlandu, ndipo tingati "zolowa pa mlandu". Munthu akauzidwa kuti khoti lamulola kuongola chikalata koma alipire chindapusa, amabwerera kumudzi akudziwa kuti wapezeka wolakwa, pamene mlandu weniweni sudayambe n'komwe.

Maganizo oti ndalama zimachiza zonse adachokera kwa Lord Justice Bowen pa mlandu wa Cropper ndi Smith mu 1884. Iye adati makhoti alipo kuti agamule za maufulu a anthu okangana, osati kuwalanga chifukwa cha zophonya zawo poyendetsa mlandu, ndipo adaona kulipira zolowa ngati mankhwala ochiza pafupifupi bala lililonse. Mbali yoyamba ya maganizowa ndi yokoma, ndipo mfumu iliyonse ya kwathu ingaivomereze. Mbali yachiwiri idalembedwera anthu a mafakitale amene ankakangana za makina. Patapita zaka zoposa 100, mu 1987, pa mlandu wa Ketteman ndi kampani ya Hansel Properties, wokhudza nyumba zimene maziko ake adali osalimba, mbali ina idapempha kuongola yankho lake mlandu uli kumapeto, maloya akupereka mawu otsiriza. Lord Griffiths adati chilungamo sichingapimidwe ndi ndalama nthawi zonse, ndipo woweruza ayenera kuganizira nkhawa ndi kutopa kumene mlandu umabweretsa kwa munthu wamba. Mawu amenewa akumveka bwino kwambiri pa Chisi kuposa ku London. Kuimitsa mlandu kufikira mwezi wamawa, kwa loya wa ku Zomba, ndi kutembenuza tsamba la kalendala. Kwa banja la pachilumba ndi boti lina kupita ku Kachulu, galimoto ina kupita ku Zomba, mboni zitatu zofuna kudya ndi pogona, masiku osapha matemba, ndipo ngati pali chiletso, ndi nyengo yonse yobzala imene yadutsa nthaka ikungomera udzu. Zambiri mwa izi sizilowa m'chiwerengero cha zolowa pa mlandu. Ndipo nyanja ikabwerera mlandu usadathe, malo okanganiranawo amakhala pansi pa madzi. Choncho pamene tikuteteza munthu woongola chikalata kuti asatchedwe wabodza, tisaiwale kuti banja linalo nalo ndi la pa Chisi pomwepo, ndipo woweruza wokana pempho lochedwa sadachite nkhanza. Mawu oti "mpata wopima" amasunga mbali zonse ziwiri. Mawu oti "chifundo" amasunga imodzi.

Pali chinthu china m'ndondomeko ya mu 2017 chimene alembi a mabuku a sukulu ayenera kuchidziwa. Gawo 7 lomwelo limati munthu amene mlandu wake watsamira pa mwambo ayenera kuulemba mwambowo m'chikalata chake, ndipo gawo 64 la lamulo la makhoti limatenga mwambo ngati chinthu chofunika kuchitsimikiza ndi umboni. Izi zikutanthauza kuti chikamwini, chitengwa, mbumba, tsala ndi mphanje ziyenera kufotokozedwa m'Chingerezi, ndi loya amene mwina adakulira kumene malo amatsata bambo, kenaka n'kumasuliridwanso m'Chichewa kuti eni mlandu amve zimene akuti iwo adanena. Mawu amawoloka kawiri, ndipo paliponse pamene awoloka china chimagwera m'madzi. Malamulo aakulu a dziko lino, m'gawo 42, amalonjeza womasulira wolipidwa ndi boma, koma gawolo likunena za munthu woimbidwa mlandu wa upandu. Pascal Kishindo adalemba kale mu 2001 kuti ziyankhulo zathu zipatsidwe malo m'makhoti. Kufikira tsiku limenelo, chochepa chimene tingapemphe n'chakuti chikalata choyalira mlandu chiziwerengedwa kwa mwini wake m'chiyankhulo chake chisadaperekedwe kukhoti. Bambo wathu uja akadamva kuti kwalembedwa zoti dimbalo ndi lake yekha, ngati logula, akadaimika loyayo pomwepo, pakuti palibe mkamwini wa nzeru zake amene angafune kuti alamu ake amve zoterozo.

Lamulo la malo a makolo la mu 2016 lidakhazikitsa mabwalo apadera oweruza mikangano ya malo, kuyambira la m'dera la mfumu yaikulu, kudzera la pa boma, kufikira la dziko lonse. Mabwalo otere amakamba nkhani m'chiyankhulo cha anthu, koma zogamula zawo zimalembedwa, ndipo zolembedwazo n'zimene zimakwera pamene wina wachita apilo. Makalaliki a mabwalo amenewa ndiwo oyamba kufuna mawu okhazikika, ndipo akapanda kuwapeza adzatola omwe aja a pa wailesi.

Akonzi angafune chitsanzo. M'malo molemba kuti, "Jaji walola wodandaula kusintha mawu ake koma wamulipiritsa chindapusa, jajiyo wati zili kwa iye kuchita monga afunira," tilembe kuti, "Khoti lalola wodandaula kuongola chikalata cha dandaulo lake kuti mulowe dzina la mkazi wake ndi la mwinimbumba. Woweruza wati lamulo limamupatsa mpata wopima pempho lotere, ndipo wapeza kuti mbali inayo sipwetekeka pa mlandu wake malinga wodandaulayo abweze zimene mbaliyo yalowa chifukwa cha kuchedwaku." Onani kuti talemba "khoti lalola" osati "khoti yalola". Zonse ziwiri zimamveka m'kamwa mwa anthu, koma kuchulukitsa kwake ndi "makhoti", ndipo zimenezi zikuika dzinali m'gulu la Li-Ma pamodzi ndi "bwalo" ndi "dimba". M'nkhani imene ikukamba za mfumu ndi za jaji pamodzi, ndi bwino kusunga "bwalo la mfumu" ndi "khoti" padera, kuti wowerenga adziwe pamene nkhani ingakule pokambidwa ndi pamene iyenera kuyamba yalembedwa.